Liwiro, kudekha kapena kuwerengeratu: chimapambanitsa n'chiyani pa kwizi ya pa intaneti?

Wotchi ikayamba kudya masekondi pa sikirini, munthu amene wangoyamba kumene kusewera kwizi ya pa intaneti amapanikizika, chala n'kuthamangira yankho loyamba limene laoneka lodziwika. Akagonja amati anzake ali ndi mafoni othamanga. Nthawi zina zimakhala zoona, koma kawirikawiri chamugwetsa n'chakuti walowa m'bwalo asanadziwe mmene mapointi amawerengedwera. Anthu amalangizana zosiyanasiyana. Ena amati dinani msanga, ena amati dekhani, ena amati lowezani malikulu a mayiko, enanso amati chachikulu ndi bandulo yabwino. Malangizo onsewa amagwira pa masewera ena, ndipo ndi omwewonso amene amagwetsa munthu pa masewera ena. Choncho tisanaziike njirazi pa sikelo, tione kaye malamulo a masewerawo, poti ndi amene amagamula kuti njira yabwino ndi iti.

Mapointi amachokera kuti

Tiyambe ndi Kahoot, chifukwa ndi imene ambiri amakumana nayo m'kalasi, pa maphunziro a kuntchito, kapena pa Zoom pamene achibale a ku Lilongwe, Johannesburg ndi Leeds akucheza Loweruka madzulo. Inachokera ku Norway ndipo anthu anayamba kuigwiritsa ntchito mu 2013. Funso limaonekera pa sikirini yaikulu ya woyendetsa masewera, osewera n'kumayankhira pa mafoni awo podina batani la mtundu wa yankho limene asankha. Funso wamba limakhala ndi mapointi 1,000. Mukayankha molondola nthawi yomweyo mumatenga onse. Mukayankha molondola wotchi ili pafupi kutha mumatenga 500, ndipo pakati pa malire awiriwa mapointi amatsika pang'onopang'ono mofanana sekondi iliyonse. Mukalakwa simupeza kanthu, komanso sakulandani kanthu. Ndiye kuti theka la mapointi ndi la kudziwa ndipo theka linalo ndi la liwiro, koma theka la liwirolo silifika m'manja mwa munthu amene walakwa.

Quizizz, imene inayambira ku Bengaluru m'dziko la India mu 2015 ndipo mu 2025 inasintha dzina kukhala Wayground, imapendekera kwambiri ku kudziwa: yankho lolondola limabweretsa 600, liwiro n'kuwonjezerapo osapitirira 400. Kumeneko funso ndi mayankho zimaonekera pa foni yanu, ndipo nthawi zambiri aliyense amayenda pa liwiro lake.

Mtundu wina ndi wotulutsana. Wotchuka kwambiri unali HQ Trivia ya ku America, imene inayamba mu 2017, inatsekedwa mu February 2020, inabwereranso mwezi wotsatira, n'kudzasiyiratu mu 2022. Mafunso ankakhala 12, mayankho osankhapo atatu, masekondi 10 pa funso, ndipo kulakwa kamodzi kokha ndiye kuti mwatuluka. Amene afika kumapeto ankagawana ndalama. Woyankha pa sekondi yoyamba ndi woyankha pa sekondi ya 9 ankapeza zofanana. QuizUp ya ku Iceland, nayonso yotsekedwa tsopano, inkakumanitsa anthu awiri pa mutu umodzi: mafunso 7, masekondi 10 lililonse, mapointi osapitirira 20 pa funso kupatula lomaliza limene linkafika 40. Ngakhale ziwirizi kulibenso, kachitidwe kawo kanatengedwa ndi masewera ambiri amene ali m'mafoni lero, ndiye n'kofunika kuwazindikira mukangowaona.

Palinso kwizi yolemba yankho, imene imachitika m'magulu a WhatsApp, Telegram ndi Discord, pomwe woyamba kulemba yankho lolondola amatenga pointi ndipo ena onse amatsala chimanjamanja.

Chala chothamanga

Njira imene anthu amaikonda kwambiri ndi ya liwiro, ndipo chifukwa chake n'chomveka. Dzina lanu likalumpha kufika pamwamba pa funso loyamba, mumamva kukoma. Koma tiyeni tiwerengere pa funso la Kahoot la masekondi 20, amene ndi nthawi yofala kwambiri. Mapointi 500 a liwiro akagawidwa pa masekondi 20, sekondi iliyonse ikudya mapointi 25 okha. Kulakwa kukudya zonse. Tiyerekeze kuti mwadina pa sekondi yachiwiri musanawerenge mayankho onse, ndipo mwayi wanu wolondola ndi 60 pa 100. Mukalondola mupeza 950, koma pa avareji funso lotere likukupatsani 570. Mnzanu wadikira mpaka sekondi yachisanu, wawerenga zonse, mwayi wake wafika 85 pa 100. Akalondola apeza 875, ndipo pa avareji akutenga pafupifupi 744. Wataya mapointi 75 podikira, wapindula oposa 170. Manambala a mwayiwa ndangowaika ngati chitsanzo, koma sinthani mmene mungafunire, mupeza kuti masekondi awiri kapena atatu owerengera funso bwinobwino ndi otsika mtengo kwambiri kuyerekeza ndi kulakwa kumodzi.

Amene amangodina osawerenga n'komwe ndiye amagwa koipa. Pa mayankho anayi, kudina mwamwayi kumalondola kamodzi pa kanayi, ndiye pa mafunso 20 munthu wotere angayembekezere mapointi ngati 5,000. Wina amene walondola mafunso 15, lililonse pa sekondi ya 8, amamaliza ndi 12,000.

Komabe liwiro lili ndi malo ake, ndipo ndi lalikulu. Woyendetsa masewera akaika wotchi pa masekondi 5, sekondi iliyonse ikudya mapointi 100, ndipo kuzengereza kumayamba kupweteka. Mafunso akakhala ophweka moti pafupifupi aliyense akulondola, monga zimakhalira pa kwizi yobwereza phunziro limene mwangomaliza kumene, palibenso china chosiyanitsa anthu koma liwiro. Ndipo pa kwizi yolemba yankho m'gulu, liwiro ndilo mfumu, chifukwa wachiwiri sapeza kalikonse ngakhale atachedwa ndi kaphindi kochepa. Kumeneko zimitsani chokonza mawu cha pa kiyibodi, chimene chimasandutsa dzina la munthu kukhala mawu ena, lembani dzina la bambo lokha ngati malamulo akulola, ndipo musataye nthawi ndi zilembo zazikulu kapena mpumiro. Ngati woweruza ndi pulogalamu osati munthu, kalembedwe kolondola n'kofunika, chifukwa chilembo chimodzi chikasowa yankho silimawerengedwa.

Pali liwiro lina limene silidya kulondola, ndipo ndi limene ndimalimbikitsa. Pa Kahoot funso limayamba laoneka lokha kwa masekondi angapo mayankho asanatuluke. Nthawi imeneyo ndi yaulere, wotchi siinayambe. Yankhani funsolo m'mutu nthawi yomweyo, kuti mayankho akamatuluka muzingofufuza limene muli nalo kale, osati kuyamba kuganiza. Komanso dziwani pamene mabatani amakhala: lofiira la makona atatu kumtunda kumanzere, labuluu kumtunda kumanja, lachikasu lozungulira kumunsi kumanzere, lobiriwira kumunsi kumanja. Chala chikazolowera malo amenewa, maso sachokanso pa sikirini yaikulu kukafunafuna mtundu pa foni.

Kudekha, ndi malire ake

Pa masewera otulutsana, wodekha ndiye mwini bwalo. Palibe mphotho ya liwiro, choncho masekondi onse 10 ndi anu, agwiritseni ntchito. Onani mmene kulakwa pang'ono kumachulukirana pa mafunso 12. Munthu amene amalondola mafunso 80 pa 100 ali ndi mwayi wosakwana 7 pa 100 wofika kumapeto. Wolondola 90 pa 100 mwayi wake ndi 28 pa 100. Wolondola 95 pa 100 amafika pa 54. Kusiyana kooneka kochepa pa funso limodzi kumakula kwambiri pa mndandanda wonse, ndipo wongodina mwamwayi pa mayankho atatu angafike kumapeto kamodzi pa maulendo 531,441. Apa mwambi wakuti kuthamanga sikufika ukunena zoona zenizeni.

Chimene kudekha kumagula makamaka ndi kuwerenga funso mpaka kumapeto. Kwizi zambiri zili m'Chingerezi, ndipo timawu ngati not, except, first ndi least ndi timene timagwetsa anthu odziwa zinthu. Funso likuti ndi dziko liti mwa awa limene silichita malire ndi Malawi, inu mwaona Zambia, chala chadina kale. Yankholo mumalidziwa bwinobwino, chakugwetsani ndi kawerengedwe. Samalaninso ndi mafunso amene amafuna mayankho angapo nthawi imodzi, ndi aja ofuna kuti muike zinthu mu ndondomeko yake, chifukwa amafuna kuti mutsimikize pomaliza, ndipo ambiri wotchi imawathera asanatero.

Koma pali kudekha kwina kumene kuli kungotaya mapointi, ndipo apa ndi pamene ndimasiyana ndi amene amalangiza kuti dekhani nthawi zonse. Mafunso alipo a mitundu iwiri. Ena yankho lake limapezeka poganiza: masamu, kusintha makilomita kukhala mamita, kuona chochitika chimene chinayamba pakati pa ziwiri, kumasulira chithunzi kapena mapu. Pa amenewa sekondi iliyonse yowonjezera ikukugulirani kanthu. Ena ndi a kukumbukira chabe: dzina la mtsinje, chaka cha nkhondo, amene anagoletsa chigoli. Mukawawerenga bwino n'kupeza kuti m'mutu mulibe kanthu, kuyang'anitsitsa sikirini kwa masekondi 15 sikubweretsa dzinalo. Mudzapenekerabe pamapeto, koma mutataya mapointi pafupifupi 400 pachabe. Pa masewera owerengera liwiro, mukazindikira kuti simukudziwa, penekerani msanga. Luso lalikulu la wosewera wabwino, kwa ine, ndi limeneli: kuzindikira m'masekondi awiri oyamba ngati funso ili ndi loganizira kapena lokumbukira, ndi ngati kudikira kugula kanthu.

Kupenekera mwanzeru

Pamene palibe chilango cha kulakwa, kusiya funso osayankha ndi kutaya mapointi mwadala. Koma kupenekera kulinso ndi nzeru zake. Pa mayankho anayi mwayi ndi 25 pa 100. Mukachotsa limodzi lodziwikiratu kuti n'labodza, wakwera kufika 33. Mukachotsa awiri, wafika 50. Kuchotsaku kumatenga nthawi yochepa kuposa kufufuza yankho loona, chifukwa wolemba mafunso nthawi zambiri amatopa akafika pa yankho lonama lachitatu n'kungoikapo chilichonse.

Ganizirani za amene analemba funsolo. Mphunzitsi amene wakonza kwizi usiku kuti ayese ana a sukulu sakufuna kutchera munthu msampha, ndipo yankho looneka lachidziwikire kawirikawiri ndi lomwelo. Yankho limene lalembedwa mosamala, lalitali ndi lofotokoza bwino kuposa anzake, nthawi zambiri ndi limene iye walikopera m'buku. Mayankho awiri akafanana kwambiri, kusiyana pa liwu limodzi kapena nambala imodzi, loona limakonda kukhala limodzi mwa awiriwo. Koma pa masewera a mphotho zinthu zimatembenuka. Ku HQ Trivia kunkakhala mafunso amene ankagwetsa unyinji wa osewera nthawi imodzi, ndipo ankatero chifukwa yankho lachidziwikire ndilo linali msampha. Funso lovuta likabwera kumapeto kwa mpikisano wotere n'kuoneka lophweka modabwitsa, dzifunseni chifukwa chimene aliikira pamenepo.

Malikulu a mayiko ndi chitsanzo chabwino cha misampha imene imabwerezedwa kulikonse. Likulu la Australia ndi Canberra, osati Sydney. La Turkey ndi Ankara, la Canada ndi Ottawa, la Brazil ndi Brasília kuyambira 1960, la Nigeria ndi Abuja kuyambira 1991, la Tanzania ndi Dodoma. Mmalawi sayenera kugwa pa zoterezi, poti ifenso likulu lathu linasamuka ku Zomba kupita ku Lilongwe mu 1975 ndipo tikudziwa kuti mzinda wa malonda ndi likulu la boma sizikhala chinthu chimodzi nthawi zonse.

Kuwerengeratu: mutu umodzi kapena mitu yambiri

Njira zonse zimene tatchulazi zimangokuthandizani kukolola bwino zimene muli nazo kale m'mutu. Kukonzekera ndi kokhako kumene kumawonjezera zokololazo, ndipo kumaperekanso liwiro, chifukwa chinthu chimene mumachidziwa bwino simuchiganizira. Funso ndi lakuti muzame pa mutu umodzi kapena mumwaze pa mitu yambiri.

Pamene mumasankha nokha mutu, monga zinkakhalira pa QuizUp, kuzama ndiye kopindulitsa. Nkhokwe ya mafunso a mutu umodzi imakhala ndi malire, mafunso amabwereranso, ndipo amene wasewera mutuwo kwambiri amayankha asanamalize kuwerenga. Pamene mutu umasankhidwa ndi mwayi, kuzama sikukwanira. Trivia Crack, ya kampani ya Etermax ya ku Argentina, imazunguza gudumu pa magawo 6: mbiri, sayansi, masewera, zaluso, zosangalatsa ndi jogalafe, ndipo kuti mupambane muyenera kutenga chizindikiro cha gawo lililonse. Katswiri wa mpira amene sadziwa kanthu pa sayansi amakakamira pa chizindikiro chimodzi mnzake n'kumudutsa. Pamenepo phindu lalikulu lili pa gawo limene muli ofooka, chifukwa kukweza gawo lofooka kuchoka pa theka kufika pa magawo atatu mwa anayi n'kosavuta kuposa kukweza gawo limene mumalidziwa kale.

Tinene chilungamo pa chinthu chimodzi. Mafunso ambiri okonzedwa kale amalembedwa ndi anthu a ku America ndi ku Britain, ndipo amadzaza ndi zigawo 50 za United States, mapulezidenti awo, mafumu a ku England, ndi masewera ngati baseball amene kwathu sitiwaonera. Wosewera wa ku Mzuzu kapena ku Chipata amayamba ali kumbuyo pa mitu imeneyi, ndipo si chifukwa cha nzeru zochepa. Ngati mwayi wosankha ulipo, pitani kumene bwalo lili lofanana: jogalafe, sayansi ya kusekondale, mpira wa ku Ulaya umene timautsatira mofanana ndi eni ake, ndi Baibulo, limene ambiri a ife tinakula tikuloweza ndondomeko ya mabuku ake. Ngati mwayiwo palibe, mindandanda imeneyi ndi yaifupi ndipo imalowezeka.

Mindandanda yotha kuwerengeka ndiyo yoyenera kuyambira: malikulu ndi mbendera za mayiko, mapulaneti 8 mu ndondomeko yake, zizindikiro za zinthu za mu kemisitile makamaka zosokoneza ngati Fe, Au, Na ndi K, mayiko amene anatenga World Cup ndi zaka zake, monga Spain mu 2010 ku South Africa, France mu 2018 ndi Argentina mu 2022. Ngati kwizi ndi ya kwathu konkuno, musaiwale kuti Zambia inatenga chikho cha Africa mu 2012, ndi kuti Flames inafika ku mpikisanowu mu 1984, mu 2010 ndi wa 2021 umene unaseweredwa ku Cameroon kumayambiriro kwa 2022. Powerenga, kudzifunsa nokha kumagwira kuposa kungobwereza ndi maso. Pulogalamu ya Anki imachita zimenezi: imakuonetsani funso, inu n'kuyesa kukumbukira, ndipo zimene mukulakwa imazibweretsa pafupipafupi pomwe zimene mwazidziwa imazitalikitsa. Pa Android ndi yaulere ndipo imagwira popanda intaneti. Seterra ndi yabwino pa mapu, Sporcle pa kuzolowera kuyankha wotchi ikuyenda. Ndipo kwizi iliyonse ikatha, lembani mafunso amene mwalakwa. Kope limenelo ndi lamtengo wapatali kuposa buku lililonse la mafunso, chifukwa muli zofooka zanu zokhazokha.

Foni ndi netiweki

Kwathu nkhani imeneyi si yaing'ono. Kwizi payokha siidya bandulo yambiri. Chimene chimafunika ndi netiweki yosadukaduka ndi yosachedwetsa uthenga. Vuto lalikulu limabwera pamene funso likuonekera pa Zoom kapena pa YouTube inu n'kumayankhira pa foni, chifukwa kanemayo amafika mochedwa, nthawi zina ndi masekondi angapo, pomwe wotchi ya masewera yayamba kale. Mankhwala ake ali m'manja mwa woyendetsa: Kahoot ili ndi posankha pomwe funso ndi mayankho zimaonekeranso pa foni ya wosewera aliyense. Mupempheni atsegule zimenezi masewera asanayambe, ndipo apereke nthawi yokwanira pa funso ngati osewera ali m'mayiko osiyana.

Zina zonse ndi zodziwika koma zimaiwalika. Zida ziwiri zimaposa chimodzi: laputopu yoonera, foni yoyankhira, kusiyana ndi kulumphalumpha pakati pa mapulogalamu awiri pa foni imodzi. Zimitsani kamera yanu pa Zoom, imitsani zonse zimene foni ikukopera mwakachetechete, tsekerezani mauthenga ndi mafoni obwera, ndipo chajani batire nthawi ikadalipo poti magetsi sapangana nanu. Wi-Fi ya pa ofesi kapena pa koleji imene anthu makumi angapo alumikizapo ikhoza kuchedwa kuposa bandulo yanu. Yesani zonse ziwiri musanayambe. Ngati mukudziwa kuti netiweki yanu ndi yofooka, musapikisane pa liwiro, chifukwa kumeneko mwagonja kale. Ikani mtima pa kulondola, ndipo pa masewera otulutsana musadikire sekondi yomaliza, popeza yankho likhoza kufika wotchi itatseka.

Pa WhatsApp palinso kavuto kena: mauthenga awiri otumizidwa nthawi imodzi akhoza kuoneka mu ndondomeko yosiyana pa mafoni awiri, aliyense n'kumaona lake lili pamwamba. Gwirizanani poyamba kuti foni ya woyendetsa ndiyo yogamula.

Gulu, ndi nkhani ya likasa

Kusewera pa gulu kumachulukitsa zodziwa koma kumachedwetsa chala. Gulu labwino limagawana mitu lisanayambe, uyu mpira, uyu Baibulo, uyu sayansi, ndipo limasankha munthu mmodzi wodina amene amamvera mwini mutuwo popanda mtsutso. Kahoot imapereka masekondi ochepa okambirana pamene mukusewera m'magulu, ndipo amakwana pokhapokha ngati aliyense akudziwa nthawi yolankhula ndi yokhala chete. Gulu la anthu asanu odziwa zinthu zofanana ndi lofooka kuposa la anthu atatu odziwa zosiyana.

Za kufufuza yankho pa Google kapena kufunsa mapulogalamu a AI sinditaya nazo nthawi yambiri. Ndi likasa basi. Pa wotchi yaifupi sizipindulitsa kwenikweni, poti pomwe mukumaliza kulemba funso theka la mapointi lapita, ndipo pa mipikisano ya mphotho akakugwirani amakuchotsani. Koma choipa chachikulu n'chakuti zimapha masewerawo. Gulu la achinyamata a kutchalitchi kapena la anzanu a kusukulu likangoyamba kukayikirana, anthu amasiya kubwera, ndipo zimene munkapikisanirana zatha.

Kubetcha, ndi masamu a funso lomaliza

Masewera ena amawonjezera zida zothandizira, ndipo zimenezi zimafuna njira yakeyake. Pa Quizizz pali chida chochotsa theka la mayankho olakwika, choimitsa wotchi, chochulukitsa mapointi kawiri, ndi china chotchedwa Double Jeopardy chimene chimachulukitsa kawiri mukalondola koma chimakulangani mukalakwa. Lamulo lake n'losavuta ngakhale ambiri amalitembenuza: zochulukitsa zigwiritseni ntchito pa funso limene mukulidziwa ndithu, zochotsa mayankho muzisungire funso limene lakuvutani. Pa Gimkit, imene inapangidwa ndi mwana wa sekondale wa ku Seattle, yankho lolondola limabweretsa ndalama za m'masewera, lolakwika limachotsa, ndipo ndalamazo mumagulira zokwezera malipiro a funso lililonse. Wogula msanga amadutsa wosunga, koma nthawi ikatsala pang'ono siyani kugula, chifukwa chimene mwagula sichikhalanso ndi nthawi yobweza ndalama zake. Mafunso kumeneko amabwerezedwa, choncho mukalakwa onani yankho loona musanapitirire. Pa Gold Quest, masewera a pa Blooket imene ndi pulogalamu inanso ya kwizi, osewera amapikisana kusonkhanitsa golide, ndipo golideyo amabedwa ndi kusinthanitsidwa, moti wokhala pamwamba msanga ndi amene aliyense amamulondalonda. Kumeneko mwayi uli ndi gawo lalikulu, ndipo kugonja sikutanthauza kuti simunadziwe.

Ngakhale pa Kahoot wamba, pomwe palibe zida zotere, malo amene muli ayenera kusintha kaseweredwe kanu kumapeto. Funso lililonse likatha, sikirini imaonetsa anthu asanu a pamwamba ndi mapointi awo. Werengani kusiyana kwake. Popeza anthu awiri olondola sangasiyane ndi mapointi oposa 500 pa funso limodzi, ngati mukutsogola ndi mapointi oposa 500 pa funso lomaliza, yankho lolondola pa sekondi iliyonse likukupambanitsani. Palibe chothamangira. Werengani kawiri, gwiritsani ntchito wotchi yonse ngati n'kofunika, chifukwa chimene chingakugwetseni ndi kulakwa kokha.

Ngati muli kumbuyo ndi 600, liwiro silingakupulumutseni mnzanuyo akalondola. Chiyembekezo chanu n'chakuti alakwe, ndipo akalakwa mukufunika mapointi oposa 600, kutanthauza yankho lolondola sekondi ya 16 isanakwane pa wotchi ya masekondi 20. Apanso kudekha ndiye koyenera, ngakhale mtima ukukuuzani kuti thamangani. Pamene kusiyana kuli kochepa, tinene 100, ndi pamene liwiro limagamula: mukalondola nonse, muyenera kumutsogolera ndi masekondi oposa 4, ndipo ngati funsolo likuoneka lophweka kwa nonse, dinani mukangoona yankho. Woyendetsa akaika mapointi owirikiza pa funso lomaliza, monga ambiri amachitira, malire onsewa amawirikizanso: funso likhala la 2,000, sekondi iliyonse idya 50, ndipo kutsogola kumene kungakupatseni mtendere ndi kwa mapointi oposa 1,000.